Chigawenga Chachiwiri

Bondo langa lamanzere limandidzutsa kukamazizira, ndipo kuno ku Maryland, ku America, kumazizira miyezi yambiri. Adokotala atalijambula anandifunsa ngati ndinachitapo ngozi ya galimoto. Ndinawayankha kuti ayi, ndinkagwira ntchito m'mafilimu a karate. Anaseka, n'kundifunsa mayina a mafilimuwo kuti akawafufuze. Ndinawatchulira angapo. Ngati anawapezadi, ndikukayika ngati anandizindikira, chifukwa ine ndine uja amatulukira kuseri kwa chitseko atanyamula chitsulo, n'kulandira chidendene pachibwano, n'kugwera patebulo. Kumapeto kwa filimu, mayina akamakwera, langa limabwera pansi penipeni, ngati analikumbukira, moyang'anizana ndi mawu akuti chigawenga chachiwiri. Ntchito imeneyo ndinaiyamba tsitsi lili bii, ndaisiya ndili ndi imvi.

Ndinachoka ku Ntaja monga ankachokera anyamata onse a nthawi yanga, kulowera ku Joni. Ndinasiya mkazi wanga, Abiti Juma, ali ndi khanda kumsana, dzina lake Asiyatu. Ndinayamba ndi kutchetcha kapinga m'nyumba za azungu, kenako ndinapeza ulonda panyumba ina yochitiramo masewera olimbitsa thupi. Masiku amenewo azungu a ku America ankabwera ku Joni kudzajambula mafilimu a ndewu, poti kumeneko zinthu zinali zotchipa, ndi anthu omwe. Tsiku lina anasowa munthu wamtali wa nkhope yoopsa. Ine ndili ndi chipsera pamphumi chimene ndinachipeza nditagwa mumtengo wa mango ndili mwana. Anachiyang'ana chipseracho, n'kundiuza kuti ndivule yunifomu ya ulonda.

Mwini filimuyo, yemwenso anali ngwazi yake, anali mzungu wamfupi wa tsitsi lofiirira. Dzina lake lenileni silikufunika pano; ife tinkamutcha Chibakera akakhala kuti palibe. Kumenya ankadziwa, sindingamunamizire. Mwendo wake unkadutsa pamwamba pa mutu wanga iye osapendama n'komwe. Ndiye anandiphunzitsa kugwa: kutembenuza khosi nkhonya isanafike, kumenya pansi ndi chikhatho kuti msana usalandire zonse, kutulutsa mpweya kuti nthiti zisathyoke. Patapita nthawi ndinazindikira kuti iye akaponya mwendo, woupatsa mphamvu pamaso pa oonera ndinali ine. Ndikagwa moipa, iye ankaoneka munthu wamba. Ndikagwa bwino, ankaoneka chilombo. Iyenso ankazidziwa zimenezi, n'chifukwa chake sanandisiye.

Kumeneko n'komwe ndinakumana ndi Chanda, mnyamata wa ku Lusaka, wochepa thupi, wopepuka ngati mphaka. Ine ndinali wa matebulo ndi mazenera, iye anali wa madenga. Pakafunika munthu woti akankhidwe kuchokera pamwamba pa nyumba, ankaitana Chanda. Ankanditcha mudala ngakhale tinali a msinkhu umodzi, ndipo ankaseka Chichewa changa, ati ndimalankhula ngati wowerenga nkhani pawailesi. Ine ndinkamubwezera kuti chinyanja chake chinawoloka mtsinje n'kutaya theka la mawu m'madzi.

Zaka za ku Joni sizinali zoipa kwenikweni. Ndinatumiza malata, ndinamugulira Abiti Juma makina osokera, ndipo pa Idi zina ndinkafika kwathu. Koma mafilimu aja anayamba kuchepa, azungu aja n'kumabwerera kwawo mmodzimmodzi. Chibakera anatiitana awirife n'kutiuza kuti akukatsegula sukulu ya karate kwawo, kufupi ndi Washington, ndipo akapitiriza kujambula. Anati mapepala athu akonza yekha. Kwa ine analonjeza chinthu china chapadera: kuti m'filimu yotsatira ndidzakhala ndi dzina, ndipo ndidzalankhula.

Ndinapita ku Ntaja kukatsanzika. Asiyatu anali atayamba sukulu, ndipo atandiona anabisala kuseri kwa amayi ake. Abiti Juma anandimvetsera mpaka ndinamaliza, akupitiriza kusoka. Kenako anaimitsa makina.

"Ku Joni kunali kutali, koma basi inkafikako," anatero. "Uko mukunenako kulibe basi."

Ndinamuuza kuti zaka ziwiri zokha. Anapondanso makina ake.

Tinafikira ku Takoma Park, m'chipinda cha pansi pa nyumba ya mayi wina wa ku Ethiopia. Zenera lake linali pamwamba, lofanana ndi msewu, moti tinkangoona nsapato za anthu odutsa. Sukulu ya Chibakera inali ku Greenbelt, pakati pa sitolo ya pitsa ndi malo okonzera zikhadabo za azimayi. M'mawa ine ndi Chanda tinkakolopa mphasa za mphira zophunzirirapo, kutsuka zimbudzi, kupukuta magalasi. Madzulo kunkabwera ana, atavala zoyera, makolo awo atakhala pamipando kukhoma. Pakabwera kholo latsopano lomwe likukayikabe, Chibakera ankandikodola ndi chala. Ndinkamuthamangira ngati ndikufuna kumupha, iye n'kundiponya m'mwamba, ine n'kugwa ndi phokoso. Makolo ankawomba m'manja, n'kulembetsa mwana. Ana aja ankamuweramira iye ndi kumutcha mphunzitsi wamkulu. Ine ankanditcha ndi kachidutswa ka dzina langa, poti lonse linkawavuta, ana oti kwathu sakanayerekeza kunditchula popanda a kutsogolo.

Mafilimu a kuno anali aang'ono kuposa a ku Joni. Tinkajambula Loweruka ndi Lamlungu, m'nyumba zosungiramo katundu, m'magalaja, nthawi zina kuseri kwa sukulu komweko. Anthu anali ochepa, moti m'filimu imodzi ndinkafa kangapo: poyamba ndili ndi chipewa, kenako ndili ndi chinyawu cha nsalu, kenako nditatembenuzira msana ku kamera. Chaka china tinajambula m'mwezi wa Ramadani, m'chilimwe, masiku ataliatali aja. Ndinkagwera pasimenti kukhosi kuli gwa, n'kudzuka, n'kugwanso, poti kamera sinagwire bwino. Chanda, yemwe sanali Msilamu, ankakamwera madzi ake kuseri kwa galimoto kuti ndisamuone.

Lachisanu ndinkapita kumzikiti komwe kunkabwera Amalawi anzanga angapo, oyendetsa matakisi, osamalira okalamba, ena ophunzira omwe tsopano ali m'maofesi. Ndikamalowa ankati a filimu afika. Ankanena mwachikondi, koma ndinkadziwa kuti ena anaonera, ndipo akudziwa zomwe ndimachita m'menemo.

Lonjezo lija Chibakera analisunga kamodzi. Anandipatsa chiganizo chimodzi cha Chingerezi, chouza anyamata anga kuti amugwire asathawe. Ndinachiyeserera milungu ingapo, m'sitima, m'bafa, pokolopa. Chanda ankakhala pabedi ngati wotsogolera filimu, n'kumandibweza kuti ndiwonjezere ukali, mpaka mayi wa ku Ethiopia uja anagogoda pansi ndi tsache. Tsiku lojambula ndinachinena bwino, onse anavomera. Filimu itatuluka tinaionera tonse. Pakamwa panali panga, koma mawu otulukapo anali a munthu wina, mawu okhuthala a ku America. Chibakera anati ogula filimu sankandimva. Chanda anaseka mpaka misozi, kenako ataona nkhope yanga analeka, n'kupita kukandiphikira tiyi.

M'chipinda chija tinakhala ngati mtundu umodzi. Tinkapakana mankhwala otentha kumsana, tinkamangana mabandeji, tinkakangana za mpira. Chanda anali ndi maloto otsegula malo ophunzitsira ana masewera ku Lusaka, ndipo anali atasankha kale mtundu wa penti. Ine maloto anga anali ongobwerera. Koma mapepala athu anali m'manja mwa Chibakera, ndipo chaka chilichonse ankati atsala pang'ono. Kutuluka m'dziko muno asanakonzeke kunali kutseka chitseko mpaka kalekale. Zaka ziwiri zija zinabereka zina.

Tsiku lomwe Chanda anagwa linali Lamlungu m'mawa, ku Arlington, m'galaja yosanjikizana ya maofesi yomwe inali yopanda magalimoto poti kunalibe ntchito. Chilolezo chojambulira tinalibe. Chanda ankayenera kukankhidwa kuchokera pansanjika yachitatu. Ku Joni pogwa potere ankayala chithumba chachikulu cha mpweya, koma kuno Chibakera anati n'chodula, ndiye tinaunjika makatoni opanda kanthu, monga ankachitira akale. Tinawaunjika Loweruka madzulo, ndipo usiku kunagwa mvula. Chanda anawadina ndi dzanja, n'kundiyang'ana.

"Mudala, aya makatoni yanyowa."

Ndinapita kukamuuza Chibakera. Anayang'ana wotchi, n'kunena kuti mlonda wa pamalopo afika posachedwa, kuti onyowa ndi apamwamba okha, kuti tijambula kamodzi basi. Anamufunsa Chanda pamaso pa onse ngati wakalamba. Chanda anali atakuladi, tonse tinali titakula, ndipo palibe funso lomwe tinkaliopa kuposa limenelo. Chanda anamwetulira, n'kukwera masitepe.

Ndinamva makatoni akuphwanyika, kenako phokoso lina pansi pake, lomwe silinali la makatoni. Ndagwa kambiri, ndimadziwa kulira kwa thupi likafika pasimenti. Ndinathamanga, koma wogwira kamera anandigwira malaya kuti ndisalowe m'chithunzi. Ndinamukankhira kumbali. Chanda anali chagada, maso ali tong'o, akupuma pang'onopang'ono.

"Sinimvela mendo," anandiuza, motsitsa, ngati akundiuza chinsinsi.

Ambulansi isanafike, Chibakera anatiuza kuti tikanene kuti wagwa pamakwerero akupenta kusukulu. Ine kuchipatala ndinanena zoona, kwa aliyense wondifunsa ndi wosandifunsa. Mayi wina analemba zonse. Palibe chomwe chinachitika. Mnyamata wina wa kwathu yemwe anaphunzira zamalamulo anatiuza kuti mlandu ulipo, koma kampani ya filimuyo inali dzina chabe, yopanda ngakhale mpando, ndipo tikayamba kukumba, mapepala athu akumbidwanso. Chanda yemweyo ndiye anandiletsa. Anati iye sangabwerere ku Lusaka pa njinga ya olumala kukakhala mtolo wa mlongo wake, ndipo ine ndikathamangitsidwa, adzamunyamula ndani?

Filimuyo inatuluka. Chibakera anabwera nayo yekha m'chipinda chathu, koyamba kutsika masitepe a kwathu, atanyamulanso zipatso. Sanakhalitse. Atapita, Chanda anati ndiike tionere. Ndinakana, iye anaumirira. Kugwa kuja anakusiyamo, kwenikweniko. Anakuchedwetsa kuti thupi lizitsika pang'onopang'ono, anakubwereza kawiri, anaikako ndi nyimbo. Chanda anaonera osaphethira. Kenako anatembenuzira mutu kwa ine.

"Nagwa bwino, ai?"

Ndinatuluka panja, ndinakaima pamsewu nthawi yaitali ndili wopanda jekete.

Mawa lake ndinapita kuntchito. Ndinakolopa mphasa, madzulo Chibakera anandikodola ndi chala, ndinamuthamangira, anandiponya, ndinagwa. Lendi inkafuna munthu, mankhwala ankafuna munthu, ndipo mapepala anali kwa iye. Zinakhala choncho zaka zambiri. M'mawa ndinkamusambitsa Chanda, kumutembenuza kuti asachite zilonda, n'kuthamangira sitima. Kukatentha ndinkamubereka kukwera naye masitepe kuti akaothere dzuwa, ndipo ali kumsana ankandinena kuti ndine basi yakutha ya ku Ntaja. Za penti ya malo ake a ku Lusaka sanazitchulenso.

M'zaka zimenezo Abiti Juma anadwala. Ankandibisira pafoni, ati ndi chifuwa chabe. Uthenga wa maliro unandipeza kusukulu, ndikugwirira ana chotsamira choti azimenya ndi miyendo. Kwathu sitigoneka maliro; pomwe ndinkamva n'kuti akukonza kale zopita kumanda. Ngakhale ndikanakhala ndi mapepala sindikanampeza. Ndinapempha kulankhula ndi Asiyatu, yemwe panthawiyo anali atakwatiwa. Anandiuza kuti ali ndi alendo ambiri. Kuyambira pamenepo foni ankalandira ndi mwamuna wake.

Chanda anamwalira m'nyengo yozizira, ndi chibayo. Azambia ndi Amalawi anasonkhana, tinamuika kuno komweko, m'dothi lolimba ngati mwala. Chibakera anatumiza maluwa.

Mapepala anatuluka ndili kale nkhalamba, ndipo ndisanapeze ndalama ya ndege, kunabwera msonkhano wa okonda mafilimu akale a ndewu, muhotela ina ku Arlington. Chibakera anaitanidwa ngati mlendo wolemekezeka, ndipo anandiuza kuti ndipite naye tikaonetse pang'ono. Muholoyo munadzaza azibambo a mimba, atanyamula zithunzi zake zakale zoti asayine. Iye anali atadaya tsitsi, atavala lamba wake wakuda. Anazimitsa magetsi n'kuonetsa zidutswa za mafilimu ake pachinsalu chachikulu. Ndinadziona ndikufa ku Joni, ndikufa ku Maryland, ndili mnyamata, ndili bambo. Kenako kunabwera galaja ija. Chanda anatsika pang'onopang'ono kuchokera kumwamba, wamkulu ngati nyumba, ndipo holo yonse inakuwa ndi chisangalalo.

Wina anaimirira n'kufunsa kuti anajambula bwanji kugwa kooneka ngati kwenikweni chonchija. Chibakera anati anakukonza yekha, mosamala, ndipo chomwe amanyadira kwambiri n'chakuti m'mafilimu ake onse palibe anavulalapo kwambiri. Anawomberanso m'manja. Kenako anandikodola ndi chala.

Ndinakwera pansanja, koma sindinamuthamangire. Anaponya mwendo. Tsopano sunkafikanso kumutu, unandigunda panthiti, wopepuka ngati wa mwana. Ndinangoima. Anandiyang'ana, n'kuponyanso. Ndinaima. Anayandikira, akumwetulirabe kwa anthu, n'kundinong'oneza kuti ndigwe.

"Dzina lake anali Chanda," ndinatero m'Chingerezi. "Sanayendenso."

Chokuzira mawu chinali pamalaya ake, osati panga. Mwina a mzere woyamba anamva, mwina ayi. Anaponya kachitatu ndi mphamvu zake zonse, mwendo wotsalawo unaterereka, anakhala pansi ndi matako. Holo inaphulika ndi phwete. Ankaganiza kuti tinakonza dala, nthabwala ya nkhalamba ziwiri. Ena anaimirira powomba m'manja. Chibakera anadzuka, anawerama, anagwira dzanja langa n'kulikweza m'mwamba, zala zake zikundifinya mpaka kupweteka. Madzulo a tsiku lomwelo uthenga unalowa pafoni kuti ndisabwerenso kusukulu. Ndinali nditaima kamodzi kokha pa moyo wanga wonse wa ntchito, ndipo anthu anaseka.

Ndinapeza ganyu yoimika magalimoto, ndinasunga ya ndege, ndinapita kwathu. Asiyatu amakhala pa Liwonde, ali ndi golosale kutsogolo kwa nyumba, mwamuna wabwino, ana atatu. Anandilandira monga mwa mwambo. Anagwada, anandipatsa madzi osamba, anapha nkhuku. Mkamwini anandiperekeza ku Ntaja kumanda a Abiti Juma. M'nyumba ya malata ija mukukhala mphwake wa malemuyo, yemwe anandifunsa mwaulemu kuti ndikufuna ndani.

Masiku ankapita, Asiyatu osakhala nane pansi. Tsiku lina masana ndinamupeza yekha m'golosale akulongedza sopo. Ndinakhala pakreti, n'kuyamba kumufotokozera: za mapepala, za Chanda, za chifukwa chomwe sindinabwere. Anandisiya ndilankhule, manja ake osaleka ntchito. Nditamaliza, iye ndiye anayamba kundifotokozera zomwe sindinkazidziwa.

Ali mtsikana wamng'ono, anzake anamuuza kuti bambo ake akuoneka m'kanyumba koonetsera mafilimu pa Ntaja. Anapempha ndalama kwa amayi ake, ati akagule kope, n'kukalowa. Anakhala kutsogolo, pakati pa anyamata. Anandiona ndikutulukira, anakuwa kuti ababa. Kenako anaona mzungu akundipotokola khosi n'kundiponya pazenera. Analira mpaka anachita kumutulutsa, ndipo amayi ake anamugwira usiku wonse akumuuza kuti n'zamasewera. Anapitanso ulendo wina, analiranso. Anyamata a kusukulu ankamugwera patsogolo, lilime kunja, akumufunsa kuti bambo ake afa kangati sabata ino. Pambuyo pake kunabwera aja amaika mawu a Chichewa m'mafilimu, ndipo anandipatsa dzina lachipongwe lomwe linamutsatira mpaka paukwati wake. Dzinalo anakana kundiuza.

"Maliro anu ndinalira kale, ababa, ndili mwana," anatero. "Amayi akudwala, ndinkayang'ana kumsewu. Ndinkati mwina kamodzi kokha mutulukira muli wamoyo."

Ndinafuna kuyankha, koma pawindo panafika mayi wofuna mafuta ophikira. Asiyatu anadzuka kukamuthandiza, anacheza naye za mitengo ya zinthu, anaseka naye. Sanabwererenso pomwe ndinakhala.

Ndinakhalako masiku ena angapo. Ndinakonza chitseko cha khitchini chomwe chinkakhula pansi, ndinapita kumzikiti ndi mkamwini. Adzukulu ndiwo sankandiopa. Madzulo ena anandizungulira pabwalo, wamkulu atanyamula foni ya bambo ake momwe anapezamo kachidutswa ka filimu ina. Ankandiloza pafonipo n'kumaseka, kenako anayamba kundichonderera kuti ndiwaonetse mmene ndimagwera. Wamng'ono anakunga kankhonya kake, n'kundigunda pantchafu, n'kudikira. Onse atatu ankandiyang'ana, maso akuwala. Ndinayang'ana pansi pomwe panalibe miyala, ndinayamba kupinda bondo.

Mawu a Asiyatu anachokera m'golosale, osakweza, osakalipa.

"Ana inu, asiyeni alendo apume."